Nyimbo Zisanu ndi Imodzi pa Munda Uliwonse

Ana anga, mwakhala mukundiseka kuti bambo wanu anakalambira pa wayilesi koma mawu awo simunawamve kupatula "mwaswera bwanji" ndi "tsalani bwino". Tsopano poti ndapuma pantchito ndipo maso akadaona, ndati ndilembe mmene zinayambira.

Chaka choyamba

Sukulu ndinalekezera Sitandade 8, ndipo sichinali chifukwa cha fizi monga ndinkakuuzirani muli aang'ono. Mphunzitsi wina ananditcha chitsiru pamaso pa atsikana, ine n'kumuponyera chikwanje pamapazi, kutuluka osabwereranso. Ndinali wamtima wapachala. Pa Mtakataka aliyense ankadziwa kuti Lufeyo wokonza njinga ndi injini za zigayo amagwira bwino sipanala, koma usamutsutse.

Zipani zambiri zitabwera, mawayilesi ang'onoang'ono anayamba kuloledwa. Komiti ya mipingo ndi makalabu a alimi inapempha zida kwa anthu akufuna kwabwino akunja, n'kuziika m'nyumba ina yomwe kale ankasungiramo thonje. Anaimika mlongoti wachitsulo umene unkaoneka ngakhale uli panjira ya ku Mua. Tsiku loyesa zida jenereta inakana kulira. Ine ndinali m'gulu la oonerera, ndipo nditaona mmene munthu wina wa taye ankakokera chingwe, ndinalephera kudzigwira. Ndinamuuza kuti achokepo asanaiphe. Ndinatsuka pulagi, ndinapopa paipi ya mafuta ndi pakamwa, inalira. Munthu wa tayeyo anali a Chirambo, amene anachokera ku Lilongwe kudzakhala manijala. Anandiyang'ana nthawi yaitali, n'kunena kuti, "Mwano uli nawo, koma ubwere mawa." Ndi mmene ndinalembedwera ntchito ya jenereta ndi kusesa situdiyo.

Zida zinabwera zonse, maikolofoni awiri, makina a makaseti a zipinda ziwiri otembenuza okha kaseti, koma panalibe amene anakumbukira kuti wayilesi imafuna nyimbo. M'mabokosi munalibe kaseti ndi imodzi yomwe. Ndiye kunabwera a Matewere, bambo wachikulire wa ku Golomoti amene anagwira ntchito kumigodi ku Joni, kenako pa mabasi ku Halale. Anabwera atamangirira sutikesi yachitsulo pa kaliyala wa njinga. M'katimo munali makaseti ndi mbale zakuda za nyimbo za kantiri zokhazokha, zija za azungu oweta ng'ombe, gitala likulira ngati likudandaula. Poti kunalibe zina, tinkaika zomwezo m'mawa, masana ndi madzulo. Pasanathe miyezi itatu dzina lenileni la wayilesiyo linaiwalika. Kuyambira kwa Kachindamoto mpaka kumadooko a asodzi anthu ankangoti Wayilesi ya Magitala.

Ndinkadabwa kuona amayi osadziwa Chingerezi akung'ung'udza nyimbozo pamjigo, mawu ake atawapinda mwa iwo okha. Agogo anu ankati sakumva zimene akunena, koma akumva kuti munthuyo anasiya mudzi wake. Dera lathu linali lodzaza ndi anthu amene anapita ku Theba, kumigodi ya ku Joni, kapena amene anadikirira wopita ku Theba, mwina ndi chifukwa chake.

Chaka chachiwiri ndi chachitatu

Mavuto anali ambiri. Petulo akasowa tinkayatsa wayilesi ndi mabatire awiri a lole, mawu n'kumafika pa msika pokha. Kaseti ikatafunidwa ndinkaikulunga ndi bolopeni n'kuimata ndi utoto wa zikhadabo umene ankatipatsa mayi wina wa saluni. Mvula ikamagwa denga linkalira kuposa woulutsa nkhani, moti tinakhoma mabulangete ndi matireyi a mazira m'makoma. Koma pulogalamu imodzi sinkaphonya zivute zitani. Inali ya a Matewere, kuyambira 12 koloko masana mpaka 3 koloko. A Matewere ankasunga okha petulo wa maola atatu amenewo m'chigubu chawo, ndipo tsiku lina nditatapako kuti tiulutse mpira, anandilanda chigubucho, n'kukhala sabata yathunthu osandipatsa moni.

Kachitidwe kawo kankandikwiyitsa. Ankapereka moni, kenako nyimbo, nyimbo, nyimbo, osatchula dzina la woyimba, osawerenga kalata, osaseka. Pakati pa nyimbo ankasiya kampata kopuma kamodzi basi. Pa bokosi la kaseti iliyonse nyimbo zina anazikhwatcha ndi pensulo yofiira, ndipo zimenezo sankaziika. Zina mwa izo zinali zokoma kuposa zinzake.

"Bambo, maikolofoni anawagulira chiyani ngati simulankhula?" ndinawafunsa tsiku lina.

"Iwe jenereta yako imalankhula?" anatero. "Bola ikulira."

Ine nthawi imeneyo ndinali nditapenga ndi kwasakwasa wa ku Zaire. Ndinkafuna kukhala woulutsa mawu, dzina langa lizitchulidwa m'maminibasi. Ndinkayeserera m'kanyumba ka jenereta, sipanala ili pakamwa ngati maikolofoni. A Chirambo ankadziwa, ndipo nawonso magitala anali atawakwana. Eni magolosale pa Mtakataka ankawauza kuti sangalengeze malonda pa wayilesi ya nyimbo zamaliro.

Seputembala wa chaka chachinayi

A Matewere anadwala chibayo n'kugonekedwa kuchipatala ku Mua. Asanakwere galimoto anandigwira dzanja. "Lufeyo, masana uike za m'sutikesi. Zokhwatcha usaike. Usalankhule." Ndinavomera. Galimoto itangokhota, a Chirambo anandiitana mu ofesi. Anati mwayi wanga ndi umenewu, ndiike zimene achinyamata akufuna, ndipo ngati anthu akonda, nthawi ya masana ikhala yanga mpaka kalekale.

Lolemba ndinalowa ndi makaseti anga a kwasakwasa. Inu a masiku ano simudziwa, nyimbo imodzi ya kwasakwasa inkatenga mphindi khumi kapena kuposa, ndipo ine pakati pake ndinkapereka moni kwa okonza njinga onse a m'mbali mwa msewu, kutchula aliyense dzina. Ndikutuluka, anyamata a pa siteji anandinyamula. Wa golosale wina anandipatsa botolo la Fanta osalipira. Ndinachita zimenezo mpaka Lachinayi, ndipo ndinkayenda ngati msewu wonse ndi wa bambo anga.

Lachisanu m'mawa ndikusesa pakhomo, panafika mayi wina wamfupi, wa zaka ngati makumi anayi, matope ouma mpaka m'mawondo. Anatsika pa njinga ya kabaza, m'manja atagwira kamtolo ka mbande za mpunga zofiira kunsonga.

"Ndikufuna amene waba magitala," anatero.

"Palibe chabedwa pano, mayi. Pulogalamu yasintha."

"Ndiwe?"

"Ndine. Ngati simukuikonda, wayilesi yanu ili ndi kotsekera."

Anandiponyera mbandezo pachifuwa. Tsache ndinalikweza ndithu, ndipo ndikuthokoza Mulungu kuti sindinalitsitse. Iwo sanasunthe. Anati, "Menya, mwanawe, ukatha utole mpunga wangawo uuone." Dzina lawo anali a Nangozo. Anakhala pa sitepe n'kundifotokozera pang'onopang'ono ngati akulankhula ndi mwana wa mkaka.

Ankalima kusikimu ya mpunga kufupi ndi Golomoti. M'chilimwe madzi amachepa, ndiye ngalande iliyonse yaing'ono inkalandira madzi masiku awiri pa sabata, maola atatu okha. Ngalande yawo inali ndi minda khumi, ndipo mlonda wa madzi ankatsegula geti Lolemba ndi Lachinayi pa 12 koloko n'kudzatseka pa 3 koloko. Mmene anthu khumiwo agawanirane, zinali zawo. Poyamba ankadalira wotchi ya a Dinala, mwini munda woyamba kumtunda, amene anali yekha ndi wotchi. Koma wotchi ya a Dinala inkayenda pang'onopang'ono madzi akakhala m'munda mwawo, n'kuthamanga akafika kwa ena. Anthu anatemana ndi makasu. Kenako wina anazindikira kuti nyimbo za a Matewere n'zofanana kutalika, ndipo palibe mlimi angazikankhe kapena kuzibweza. Anapangana kuti munda uliwonse uzimwa nyimbo zisanu ndi imodzi. Ikatha yachisanu ndi chimodzi, mwini munda amatseka pakamwa pa munda wake ndi matope, wotsatira n'kutsegula. Minda khumi, nyimbo makumi asanu ndi limodzi, maola atatu. Ngalande zina zitaona kuti ndewu yatha, nazonso zinatengera pa masiku awo.

"Ndiye Lolemba kunabwera zako zosathazi," anatero a Nangozo. "A Dinala akuti nyimbo ndi nyimbo, pangano silinanene mtundu. Anamwa ola lathunthu ndi moni wako yemwe. Geti imatsekedwa madzi ali pamunda wachitatu. Dzulo chimodzimodzi. Ine ndine wakhumi, kumapeto. Ndinawokera Loweruka lapitali. Ndakhala ndikutunga ndi ndowa pachithaphwi, chithaphwicho chauma dzulo. Likandiphonya Lolemba likubwerali, chaka chino ana anga adya moni wako."

Zaka zitatu ndinkathira petulo mu jenereta, osadziwa kuti ndikuyendetsa madzi.

Ndinapita kwa a Chirambo. Anamvetsera, anaseka pang'ono, kenako anakwinya nkhope. Anati wayilesi si wotchi, alimiwo asonkhe agule yawo, ndipo magolosale atatu avomera kale kulengeza malonda pa pulogalamu yanga. "Lolemba uike kwasakwasa. Ukaika magitala, maikolofoni uwaiwale." Sanali munthu woipa. Ankafuna wayilesi ipeze petulo, ndipo zoona zake petuloyo tinkamusowa.

Loweruka, ku Mua

Ndinapalasa njinga kukwera ku Mua. A Matewere ndinawapeza atatsamira pilo, ataonda, akupuma mwa befu. Ndisanakhale n'komwe anati, "Ndamva. Wodi yonse yakhala ikuvina."

"Bwanji simunandiuze, bambo?"

"Unandifunsa chifukwa, kapena unkangondiuza kuti ndine wachikale?"

Anandiuza kuti anazidziwa chaka chachiwiri, mlimi wina atawaimitsa panjira kudandaula kuti nyimbo ina ndi yaitali, ikukondera munda wachisanu. Usiku womwewo anakhala ndi wotchi ya situdiyo n'kuyeza nyimbo zonse za m'sutikesi. Iliyonse yopitirira kapena yoperewera kwambiri pa mphindi zitatu anaikhwatcha. Kulankhula anasiya chifukwa mawu ake aliwonse anali madzi opita m'munda mwa munthu mmodzi. Sanauze a Chirambo poopa kuti komiti ikadziwa iyamba kukambirana, ndipo a Dinala ali ndi mlamu wawo m'komitimo.

Ine mutu unali utatentha kale. Ndinati Lolemba ndiwakhaulitsa a kumtundawo. Nyimbo zoyambirira ndizidula pakati, a Dinala amwe mphindi zisanu, zotsalazo zipite kwa a Nangozo.

A Matewere anatsokomola nthawi yaitali. Atapeza mpweya anati, "Ukatero wayilesi yasanduka wotchi ya a Dinala, kungoti yavala dzanja lina. Mawa adzabwera wina ndi nkhuku kudzakupempha kuti umutalikitsire. Ika zofanana, Lufeyo. Wachita kale zokwanira."

Lamulungu lonse ndinakhala mu situdiyo ndi makaseti awiri atsopano a mphindi makumi asanu ndi anayi, amene ndinagula kuti ndijambulirepo kwasakwasa. Ndinajambulapo nyimbo makumi asanu ndi limodzi za m'sutikesi, zosakhwatcha, kampata kopuma kamodzi pakati. Ndikujambula ndinkayang'ana maikolofoni. Ndinali nditawagwira masiku anayi okha.

Lolemba

Ndinadziwa kuti ndikakhala mu situdiyo, a Chirambo alowa, tikangana, ndipo ndi mtima wangawu nkhani ithera kupolisi. Ndiye pa 12 koloko ndinatsegula maikolofoni n'kunena kuti, "Mwaswera bwanji. Sabata yatha ndinalakwitsa ndine, Lufeyo. Yambani kuwerenga." Ndinaika makaseti awiri aja m'makina kuti ikatha ina iyambe inzake. Ndinakiya situdiyo, kiyi m'thumba, ndinadzaza jenereta ndi petulo wa m'chigubu cha a Matewere, n'kukwera njinga kulowera ku Golomoti. Kanyumba ka jenereta kanalibe loko. A Chirambo akanatha kuizimitsa ndi chala chimodzi, ndipo a Nangozo anali atandiuza kuti wayilesi ikazima, kuwerenga kumaima, amene ali ndi madzi amangopitiriza kumwa.

Dzuwa linali loswa mtengo. Njira yonse nyimbo zinkandipeza, pa golosale, pa chigayo, pa njinga ya wogulitsa nsomba, ndiye ndinkadziwa kuti jenereta ikadalira. Nditafika pa mlambala wa sikimu ndinatsika njinga, ndipo zimene ndinaona sindinaziiwale mpaka lero.

Chigwa chonse chinali chobiriwira mpaka kumene maso amalekezera, mapiri a Dedza ataima kumbuyo kwake. M'mbali mwa ngalande munali nsungwi zozikidwa, ndipo pa nsungwi iliyonse panapachikidwa kawayilesi, ena omangidwa ndi mphira, ena mabatire ali kunja atakulungidwa m'pepala. Onse ankalira nyimbo imodzi. Gitala limene ndinkalimva tsiku ndi tsiku m'kachipinda ka mabulangete linali litadzaza dambo lonse, likuchokera kutsogolo, kumbuyo ndi kutali kumene anthu ankaoneka ngati nyerere. Panalibe wovina kapena wolankhula mokweza. Amuna ndi amayi anaima ndi makasu pakamwa pa minda yawo. Mayi wina anali ndi luzi m'manja, nyimbo ikatha amamanga mfundo. Bambo wina ankasuntha timiyala kuchoka m'thumba lina kupita lina. Nyimbo ina itatha, ndinaona makasu awiri akutsika nthawi imodzi, lina kutseka, lina kutsegula, popanda wouza mnzake. Madzi anakhota ngati amva. Ndinavula chipewa osadziwa kuti ndavula.

Bambo wina wamtali wa wotchi padzanja anandiyang'ana. "Ndinu a kwasakwasa aja?"

"Ndine."

"Zinali bwino zija," anatero a Dinala, akuseka. Anthu a pafupi sanaseke nawo. Ndinaika manja m'thumba n'kugwira kiyi uja, ndinapitirira.

Madzi anali pamunda wachisanu. Ndinatsika ndi ngalande youma mpaka kumapeto. Munda wa a Nangozo unali utang'aluka ming'alu yolowa dzanja, mbande zitagona, zina zitapsa ngati udzu wa pamseu. Iwo anakhala pamzere, khasu pamiyendo, kawayilesi kofiira kali pansungwi.

"Wabwera kudzaona maliro?" anandifunsa.

"Ndabwera kudzadikira nanu, mayi."

"Nanga kumeneko akuimba ndani?"

"Makina. Ndakiya chitseko."

Anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi. "Ndiye ndiwe wamisala ndithu. Khala apo, usandisokoneze. Makumi atatu."

Itatha nyimbo ya makumi atatu, mawayilesi onse anati zii. Chigwa chonse chinakhala chete, moti ndinamva madzi akuyenda kutali. Mitu inadzuka m'minda monse. Ndinadziwa kuti apa ndi pamene kaseti yoyamba imathera, koma sindinadziwe ngati ndi makina akusintha kapena ndi chala cha a Chirambo. Ndinawerenga mumtima kufika khumi ndi ziwiri. Kenako gitala linayamba. A Nangozo anamanga mfundo pa nsonga ya chitenje.

Madzi anatsika munda ndi munda. Wachisanu ndi chiwiri, wachisanu ndi chitatu. Ndinayamba kuwaona akubwera m'ngalande, akukankha zinyalala patsogolo. Nyimbo iliyonse ndinkaidziwa, ndinali nditaisesera mu situdiyo kambirimbiri, koma ndinali ndisanaimvetsere ngati tsiku limenelo. Itayamba ya makumi asanu ndi zinayi, a Nangozo anaimirira, anamanga chitenje, anaponda m'ngalande. Mnansi wawo wa munda wachisanu ndi chinayi anakweza khasu n'kudikira. Gitala litangomaliza, iye anatseka, iwo anatema.

Madzi analowa. Nthaka inkalira ngati mafuta pa chiwaya, ming'alu ikumeza, thovu likutuluka, fungo la dothi lonyowa likukwera. Nyimbo ziwiri zoyamba madzi ankangolowa pansi osaoneka. Yachitatu anayamba kunyezimira pakati pa mizere. A Nangozo ankayenda m'mundamo akudzutsa mbande ndi zala imodzi imodzi, ndipo ine ndinavula nsapato n'kulowa kuwathandiza. Pa nyimbo yachisanu ndi chimodzi madzi anafika ku ngodya yomaliza. Kenako mawayilesi anangoti phwii, kaseti itatha, ndipo kumtunda mlonda anatseka geti.

Ndinabwerera pa Mtakataka cha m'ma 5 koloko. A Chirambo ndinawapeza atakhala pa mpando pakhomo pa kanyumba ka jenereta, taye atamasula. Anatambasula dzanja, ndinawapatsa kiyi. Anati anakhala pamenepo maola atatu, ndipo kawiri konse anaimirira kuti azimitse. Chimene chinawaletsa sanandiuze. Maikolofoni anandilanda monga ananenera, ndinabwerera ku jenereta zaka zina zinayi. Kwasakwasa anamupatsa mnyamata wina, nthawi ya madzulo, ndipo dzina lake ndi limene linatchuka m'maminibasi. Koma masana anawasiyira magitala, ndipo mpaka a Matewere atachira a Chirambo ankaika okha makaseti anga aja. A Matewere atamwalira, sutikesi ndi pensulo yofiira anasiyira ine, ndipo ndinakhala pa mpando wawo wa masana mpaka tsiku lopuma.

Mpunga wa a Nangozo sunapulumuke wonse. Mbali ya kumapeto, pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu, inali itapsa kale ndipo sinadzuke. Nthawi yokolola anabwera ku wayilesi ndi kathumba ka mpunga wopuntha, n'kukaika pamwamba pa jenereta. Ndinayamba kuthokoza, anandidula.

"Kakanakhala kodzaza," anatero. "Pamene paperewerapo ndi pamene unkapereka moni."